Filimu ya ku Chennai pa memore khadi ya ku Lupande: akutaya ndani?

Kuyambira kwa Msoro, kutsika ndi mtsinje wa Lupande mpaka kwa Mnkhanya ndi kwa Kakumbi, simupeza nyumba yoonetsera kanema ya matikiti ndi mipando yondanda. Zoterozo muzipeza ku Lusaka, ulendo wa makilomita pafupifupi 700. Komatu filimu yomwe yatuluka ku India mwezi watha mutha kuipeza m'foni ya mnyamata wogulitsa tomato pa Cropping, ku Mfuwe. Yafika bwanji, ndipo wapwetekeka ndani panjira? Nawa mafunso omwe amabuka nkhaniyi ikayamba.

Mafilimu a Chitamil ndi ati? Ife timangoti achimwenye.

India ili ndi zilankhulo zambiri, ndipo zingapo mwa izo zili ndi msika wawowawo wa mafilimu. A ku Mumbai, aja a Bollywood, amapangidwa m'Chihindi. A Chitamil kwawo ndi kummwera, m'chigawo cha Tamil Nadu, ndipo likulu lawo ndi mzinda wa Chennai, womwe mpaka 1996 unkatchedwa Madras. Masitudiyo akale anaunjikana m'dera la Kodambakkam. Filimu yoyamba yolankhula m'Chitamil, Kalidas, inatuluka mu 1931.

Mukaona bambo wa ndevu zapamlomo, nsalu yoyera m'chiuno, akugwetsa zigawenga khumi yekha kenako n'kuyamba kuvina, kawirikawiri imeneyo ndi ya kummwera. Rajinikanth, Kamal Haasan, Vijay, Ajith Kumar, Suriya ndi Dhanush ndi akatswiri a Chitamil. Baahubali ndi RRR ndi za anansi awo a Chitelugu, pomwe KGF ndi ya Chikannada. Amwenye a masitolo a ku Chipata musawafunse kuti akumasulireni: ambiri makolo awo anachokera ku Gujarat, ndipo Chitamil sachimva n'komwe.

Ku Tamil Nadu kanema si nkhani yamasewera. M. G. Ramachandran ndi Jayalalithaa anachoka pa kanema n'kukalamulira chigawo chonse. Karunanidhi, yemwe analamuliranso, anatchuka ndi kulemba mafilimu. Tsiku lotulutsa filimu ya katswiri wamkulu, anthu amafola kusanache, ng'oma zikulira, ena n'kumathira mkaka pa chithunzi chachikulu cha katswiriyo pakhomo pa holo. Khamu limeneli mulikumbukire, tilifunanso kutsogoloku.

Amaba bwanji filimu yoti yangotuluka kumene?

Njira yakale ndi yomwe ikugwirabe ntchito. Munthu amagula tikiti ya chionetsero choyamba, n'kukhala mpando wabwino, n'kubisa foni pamalo poikapo chakumwa kapena pansi pa chovala, kamera italoza kutsogolo. Pomwe anzake akutuluka m'holo, iye watumiza kale. Kope yotere mumaidziwa nonse, ngakhale simunaganizepo za komwe inachokera. Chithunzi chimapendekeka pang'ono. Katswiri akangotulukira, mumamva mluzu ndi mfuu ya anthu omwe simukuwaona. Mwadzidzidzi mthunzi wa mutu wa munthu udutsa pansi pa chithunzi, kupita kukagula chakudya. Anthu amenewo analipira, ndipo mukuonera nawo limodzi osadziwana.

Njira yachiwiri ndi ya m'nyumba momwemo. Filimu isanatuluke imadutsa m'manja ambiri: olumikiza zithunzi, oika mawu, olemba matanthauzo a pansi, otumiza ku maholo a kunja monga ku Malaysia, Singapore ndi Sri Lanka. Dzanja limodzi likatsetsereka, basi. Mu January 2021, zidutswa za Master, filimu ya Vijay, zinafalikira pa intaneti kutatsala masiku owerengeka kuti ituluke.

Yachitatu ndiyo imapereka makope oyera bwino aja. Filimu ikangofika pa Netflix kapena Amazon Prime Video, akatswiri a kompyuta amaikopera tsiku lomwelo. Mukamva wa pashopu akuti "dikirani sabata zingapo, yoyera ibwera", ndiye kuti akudikira imeneyi.

Dzina loti TamilRockers limalembedwa pakona pa mafilimu ambiri. Ndi kampani yopanga mafilimu?

Ayi ndithu. Ndi chidindo cha akuba. TamilRockers linali tsamba la pa intaneti lomwe linayamba cha m'ma 2011, n'kutchuka ndi kutulutsa mafilimu tsiku lomwelo lomwe akuonetsedwa koyamba. Linafika pochita matama, kulengeza pasadakhale filimu yomwe liibe. Apolisi a ku Kerala anamanga anthu okhudzana nalo mu March 2018, koma tsambalo silinaphethire.

Chaka chomwecho eni mafilimu anayesa mphamvu zawo zonse. Filimu ya Rajinikanth yotchedwa 2.0, imodzi mwa zodya ndalama zambiri m'mbiri ya India pa nthawiyo, inali pafupi kutuluka. Kampani ya Lyca Productions inapita ku khoti lalikulu la Madras, ndipo khotilo linalamula makampani 37 a intaneti kutseka masamba oposa 12,000. Filimuyo inatuluka pa 29 November 2018. Dzuwa lisanalowe inali kale pa intaneti. Chinsinsi chake n'chosavuta: akatseka adiresi imodzi, akuba amasintha zilembo ziwiri kumapeto kwa dzina n'kutsegula ina, ndipo makompyuta awo amakhala m'maiko omwe chigamulo cha ku Madras sichifika.

Tsamba lenilenilo linazimiririka mu October 2020, koma ena anatenga malo ake, ndipo katundu wambiri tsopano amayenda pa Telegram. Chodabwitsa n'chakuti mu 2022 kampani yakale ya AVM Productions inapanga sewero la pa kanema lotchedwa Tamil Rockerz, lonena za wapolisi wosaka akubawa. Anthu anatopa kulira, n'kuganiza zodyerako pa dzina la mdani wawo.

Musaganize kuti akubawa amagwira ntchito yachifundo. Yang'anani bwino pa kope yanu: pamwamba kapena pansi pamayenda uthenga wa kampani ya juga, nthawi zina filimu imaduka pakati kuti akuuzeni za kubetcha. Malipiro awo ali pamenepo.

Koma kuno netiweki imavuta, bandulo n'njodula. Tingatchedwe bwanji akuba a pa intaneti?

Apa ndiye pagona nkhani ya kwathu. Ku Chennai wakuba ndi tsamba la pa intaneti. Ku Lupande intaneti imathera pa munthu mmodzi, ndipo kuchoka apo filimu imayenda wapansi.

Pitani pa malo a malonda alionse m'mbali mwa msewu wa Chipata–Mfuwe. Mupeza kashopu ka malata, sola padenga, batire pansi pa tebulo, mafoni a anthu ali ndandanda pa chaja, sipika ikulira pakhomo. Kuseri kwa tebulo kuli mnyamata ndi laputopu yong'ambika pakona, yomangidwa ndi selotepi. Iye, kapena mnzake wa ku Chipata, ndi amene anagula bandulo ya usiku n'kutsitsa mafilimuwo, kapena anakakopera hadi diraivu yonse kwa wina wamkulu kwa iye. Mumampatsa memore khadi, amaipukuta pa malaya, n'kufunsa: "Tithiremo zotani, akulu? Zankhondo, zachimwenye, za ku Nigeria, kapena zamakwaya?" Mwalipira makwacha ochepa, mphindi zingapo khadi yadzaza. Mukafika kumudzi, madzulo omwewo yadumphira m'mafoni asanu kudzera pa Xender kapena Bluetooth, popanda bandulo ngakhale ya ngwee imodzi. Vidiyo sho nayo ili pomwepo: mpanda wa udzu, chinsalu chakuda pakhomo, mabenchi, ana osalipira atakanikiza diso pa kabowo.

Choncho bandulo imodzi imadyetsa mudzi wonse, ndipo palibe khoti lomwe lingatseke njira imeneyi, chifukwa siidutsa pa kampani iliyonse ya mafoni. Wofufuza wina, Jonathan Gray, analemba mu 2011 za momwe mafilimu a Steven Seagal anafikira ku Malawi kudzera m'makope obedwa. Masiku amenewo zinali zimbale zochokera kutali. Lero chimbale chatha, koma anthu ake ndi njira zake zikadali zomwezo.

Nanga aja omasulira m'Chichewa, nawonso ndi akuba?

Pamaso pa lamulo, inde. Kumasulira filimu ndi kuigulitsa ndi ufulu wa mwini wake, ndipo omasulirawa sapempha chilolezo kwa aliyense.

Koma ndinene zoona: mwa onse omwe ali mu unyolo umenewu, omasulira ndi okhawo omwe amawonjezerapo kanthu. Agogo omwe sadziwa Chitamil, Chihindi ngakhale Chingerezi amatsatira nkhani yonse chifukwa cha mawu a mnyamata mmodzi yemwe amakhala mfumu, mkazi wa mfumu, wapolisi ndi chigawenga nthawi imodzi. Amatcha anthu a m'filimu maina a kwathu, amaponyamo nthabwala zomwe wolemba wa ku Chennai sanalotepo, ndipo penapake nkhani amaipotoza ndithu. Luso lotere lili ponseponse kuno ku Africa. Ku Tanzania kunali Lufufu, ku Kenya kuli DJ Afro, ku Uganda ali ndi gulu lawo lonse. Kuno kummawa makope ambiri omasuliridwa amamveka Chichewa cha ku Malawi, ndipo malire a Mwami sawaletsa kudutsa.

Mnyamata womasulirayo naye amalira. Amagulitsa makope owerengeka tsiku loyamba, kenako ntchito yake imayenda yokha m'makhadi. N'chifukwa chake amatchula dzina lake ndi la situdiyo yake mobwerezabwereza pakati pa nkhondo, mpaka kutopetsa. Akudziteteza kwa akuba.

Eni mafilimu a ku India akanakhala ndi makutu, akanaona kuti anyamatawa awatsegulira msika womwe iwo sanaudziwe. Makampani akuluakulu amadziwa kale mphamvu ya kumasulira: Zee World, yomwe inayamba pa DStv mu 2015, inakopa amayi ambiri ndi masewero a ku India oikidwa mawu a Chingerezi.

Ine ndinalipira kwa wa pashopu. Ndipo filimu ya mwiniwake sinachoke pomwe anaisiya. Ndaba chiyani?

Funso ili ndi lolemera kuposa momwe olalikira za umwini amavomerezera. Mukaba mbuzi, khola limachepa. Mukakopera filimu, palibe chomwe chasowa m'nyumba ya munthu.

Alimi a thonje a m'chigwa muno ayankha bwino kuposa ine. Kampani imakupatsani mbewu ndi mankhwala pa ngongole, podalira kuti mukakolola mudzagulitsa kwa iyo. Nthawi yokolola kwabwera wina ndi sikelo yake, wosapereka mbewu, wosapereka mankhwala, n'kuwonjezera pang'ono pa mtengo. Mwagulitsa kwa iye. Palibe nkhokwe yomwe yathyoledwa. Koma alimi ambiri akatero, chaka chamawa kampani ija sibweretsanso mbewu, ndipo wa sikelo uja naye sapeza chogula. Filimu imapangidwanso pa ngongole. Wina amaika ndalama miyezi yambiri pasadakhale, kulipira ojambula, oyendetsa galimoto, ophika, osoka zovala, podalira kuti oonera adzabweza. Ndalama ya oonera ikakhotera kwa yemwe sanaikepo kanthu, chomwe chabedwa si filimu ya lero. Ndi ya chaka chamawa.

Onaninso mfundo yomwe yabisala m'funso lanu. Mwalipira. Anthu a ku Lupande sakana kulipira mafilimu, amalipira tsiku ndi tsiku, pa shopu ndi pa vidiyo sho. Kungoti ndalamayo imaima panjira.

Ku India akutaya zochuluka bwanji?

Lipoti la kampani ya EY ndi bungwe la IAMAI, lomwe linatuluka mu 2024, linati malonda a zinthu zobedwa zoterezi ku India konse anafika pa marupi 224 biliyoni mu 2023. Chiwerengero chotere muzichimva mosamala. Si aliyense woonera kope yaulere akanagula tikiti. Mnyamata wa kwa Jumbe yemwe waonera filimu ya Vijay pafoni sanalande Vijay kalikonse, chifukwa panalibe pomwe akanalipira.

Kupweteka kwenikweni kuli kwawo konko, ndipo sikugawidwa mofanana. Filimu ya katswiri wamkulu imadzaza maholo ngakhale itabedwa, chifukwa otsatira ake amafuna phokoso ndi khamu. Yomwe imafa ndi filimu yaing'ono, ya wotsogolera watsopano, yopanda dzina lalikulu, yomwe imadalira kuti oonera sabata yoyamba akauze anzawo. Anzawo akamva kuti ndi yabwino, amaipeza kale pafoni. Mwini holo amaichotsa, woika ndalama saikanso pa munthu watsopano, ndipo ogwira ntchito olipidwa patsiku, onyamula magetsi ndi omanga zisakasa, amakhala pakhomo. Zotsatira zake mumaziona ngakhale pa khadi yanu: mafilimu a akatswiri omwewomwewo, nkhani zofananafanana, chifukwa ndi okhawo omwe ndalama zimawakhulupirira.

Boma lakhwimitsa malamulo kangapo. Mu 2004 Tamil Nadu inaika akuba mafilimu pansi pa lamulo lolola kusunga munthu mpaka chaka asanazengedwe mlandu. Mu 2023 nyumba ya malamulo ya India inasintha lamulo la kanema: wojambula filimu m'holo atha kumangidwa kuyambira miyezi 3 mpaka zaka 3, ndi chindapusa chomwe chingafike pa 5 peresenti ya ndalama zonse zopangira filimuyo.

Ngati kuba kumapha, bwanji Chennai ikupangabe mafilimu chaka ndi chaka?

Chifukwa cha khamu lija lofola kusanache. Tamil Nadu ili ndi maholo mazanamazana ndi anthu oposa 70 miliyoni, kuphatikiza abale awo a ku Malaysia, Singapore, Sri Lanka, Durban ndi London. Wopanga filimu amagulitsa matikiti, kenako amagulitsa ufulu kwa wailesi za kanema, kwa Netflix kapena Amazon, kwa omasulira m'Chihindi, ngakhale nyimbo zake pazokha. Wakuba amaluma, koma amapeza mwini atadya kale.

Tsopano bwerani kwathu. Wopanga filimu wa ku Chipata kapena ku Lilongwe alibe maholo. Ali ndi usiku umodzi kapena uwiri woonetsa m'holo yobwereka ya hotela, kenako basi. Kale ankadalira zimbale. Lero chimbale chimodzi chikagulidwa m'mawa, madzulo chili pa laputopu ya shopu iliyonse. Palibe chomwe anadya kale.

Ndipo wakuba amamumenya kawiri. Koyamba amamubera filimu yake. Kachiwiri amamuikira pambali pake, pa khadi yomweyo ndi mtengo womwewo, filimu ya ku India yomwe inadya mabiliyoni, ya ku Hollywood ndi ya ku Korea. Woonera wazolowera kuti filimu iliyonse padziko mtengo wake ndi makwacha ochepa. Mungamuuze bwanji kuti ya kwathu, yojambulidwa ndi kamera imodzi, alipire kuwirikiza kakhumi? Pa khadi ya ku Lupande, wotaya wamkulu si Rajinikanth. Ndi mwana wa kuno yemwe akufuna kujambula nkhani ya kuno.

Luso lilipo, musakayike. Shemu Joyah wa ku Malawi anapanga Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ndi The Road to Sunrise ya 2017, yomwe inapambana mphoto ya Africa Magic ku Nigeria. Joyce Mhango Chavula anapambana mphoto yomweyo mu 2016 ndi filimu yake Lilongwe. Rungano Nyoni, wobadwira ku Lusaka, analandira BAFTA mu 2018 chifukwa cha I Am Not a Witch. Can You See Us?, ya Kenny Mumba, inafika pa Netflix mu 2023. Koma yang'anani komwe mafilimu oterewa amapeza mpweya: m'thumba la mwiniwake, kwa othandiza akunja, ku zikondwerero za mafilimu, kapena ku kampani ya kunja. Masewero monga Mpali ndi Zuba anatheka chifukwa Zambezi Magic ya MultiChoice imalipira pasadakhale. Msika wa oonera eniake, womwe ku India ndiwo mzati, kuno unagwa usanamangidwe.

Chigwa chathu chomwe chino chimajambulidwa kwambiri. Alendo amabwera ndi makamera kudzatsata akambuku ndi mikango ya South Luangwa, mafilimu awo n'kuonetsedwa padziko lonse. Gulu la zisudzo la SEKA la ku Mfuwe laonetsa kwa zaka zambiri kuti ochita sewero aluso tili nawo. Chosowa ndi njira yoti nkhani ya Akunda, yojambulidwa ndi Mkunda, ibweze ndalama zomwe yadya.

Kodi zoterezi zinachitikapo kale kuno?

Oimba anadutsamo kale. M'zaka za m'ma 1970 Zambia inali ndi makampani a zimbale monga Teal Records ndi Zambia Music Parlour. Chuma chitavuta m'zaka za m'ma 1980, makaseti okopera anamalizitsa zomwe umphawi unayamba. Ku Malawi oimba ambiri ankagulitsa makaseti awo kudzera kwa O.G. Issa ku Limbe, ndipo malonda amenewo anafota pomwe kubena kunafala. Woimba anapulumuka chifukwa ali ndi thupi ndi mawu: nyimbo ikafalikira mwaulere, iye amakaimba pa siteji, pa ukwati, pa msonkhano, n'kulipidwa. Filimu ilibe siteji. Simungaitane anthu makumi atatu kuti adzasewerenso filimu yonse pa bwalo la mpira Loweruka lililonse.

Lamulo la Zambia likuti chiyani?

Lamulo la umwini wa zaluso la 1994, lomwe linasinthidwa mu 2010, limaletsa kukopera, kugulitsa ndi kuonetsa pagulu ntchito ya wina popanda chilolezo. Limatetezanso mafilimu a kunja, chifukwa Zambia, Malawi ndi India onse ali m'pangano la Berne. Apolisi ali ndi nthambi yoona za milandu yotere, ndipo oimba ali ndi bungwe lawo la ZAMCOPS.

Mu 2013 boma linayambitsa kachizindikiro konyezimira komata pa zimbale zenizeni, kuti wogula ndi wapolisi azisiyanitsa ndi zabodza. Maganizo anali abwino, koma anafika mochedwa. Chimbale chinali chikutsanzika kale, ndipo pa fayilo ya m'foni palibe pomata.

Malawi inayesa njira ina yomwe ndikuona kuti ili ndi nzeru. Pansi pa lamulo la 2016, zipangizo zosungira zinthu monga mafoni, mafulashi ndi makhadi zimalipiritsidwa kandalama polowa m'dziko, ndipo bungwe la COSOMA limagawira eni luso. Kagawidwe kake kamadzutsa mikangano, monga zimakhalira paliponse pomwe pali mphika wa ndalama. Komabe njirayi imavomereza choonadi chomwe chizindikiro chija chinakana: anthu akopera basi, ndiye ndalama itoleredwe pakhomo.

Ine woonera, pali choopsa chilichonse kwa ine?

Wapolisi sabwera kudzafufuza foni yanu kwa Malama. Zoopsa zake n'zina. Khadi yomwe yalowa m'malaputopu ambiri imatenga mavairasi, zithunzi zanu za ukwati n'kusanduka mafayilo osatseguka. Masamba obedwa amakankhira m'foni mapulogalamu omwe simunawapemphe, ndipo foni yomweyo ndi yomwe mumasungira ndalama za MTN kapena Airtel. Uthenga wa juga uja amauona ndi ana omwe. Komanso pa laputopu ya pashopu, foda ya makatuni ndi foda ya zolaula zimakhala moyandikana, ndipo wothira safunsa zaka za mwini khadi.

Si Netflix ndi YouTube zathetsa vutoli?

Kumatauni zachepetsa. Netflix inafika ku Zambia mu January 2016. Koma imafuna malipiro a mwezi ndi mwezi, njira yolipirira, ndi bandulo yokwanira, zomwe mlimi wodikira ndalama za thonje kamodzi pachaka sangazikwanitse. The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019, nkhani ya William Kamkwamba wa ku Kasungu, ili ndi Chichewa chambiri, koma olankhula Chichewa ochuluka analibe njira yolondola yoti aionere. Amene anaionera kumudzi, mukudziwa komwe anaipeza.

YouTube ndi yosiyana. Ku India kampani ya Goldmines imagula ufulu wa mafilimu a kummwera, kuwamasulira m'Chihindi, n'kuwaika poyera kwaulere, ndalama n'kumachokera kwa otsatsa malonda. Woonera salipira, mwini amalandira, wakuba amasowa chogulitsa. Achinyamata a ku Lusaka ndi ku Lilongwe akuyesa njira yomweyo, koma kwa nthawi yaitali Zambia ndi Malawi sanali pa mndandanda wa maiko omwe YouTube imalipira mwachindunji, ndipo otsatsa malonda a kuno salipira zambiri. Kuwonjezera apo, filimu ikatsitsidwa kamodzi n'kuyenda pa Xender, YouTube imawerenga munthu mmodzi pomwe aonera mudzi wonse.

Ndiye tiwamange anyamata a pashopu?

Ine ndikuti ayi. India, ndi apolisi ake, makhoti ake ndi ndalama zake, inatseka masamba 12,000 tsiku limodzi n'kulephera. Ife sitingathe ndi kulanda malaputopu m'boma la Mambwe. Mukatseka shopu imodzi mwachotsa nsima pakamwa pa banja, ndipo mawa ina itsegulidwa kuseri kwa msika.

Yang'anani m'malo mwake zomwe mnyamatayu ali nazo. Ali ndi magetsi a sola pomwe ZESCO sinafike. Amadziwa mudzi uti umakonda zotani. Amatolera ndalama zing'onozing'ono kwa anthu omwe banki siiwadziwa. Palibe wopanga filimu wa ku Zambia kapena ku Malawi yemwe ali ndi ogulitsa ochuluka chonchi, ofika mpaka kumapeto kwa msewu wafumbi. Ntchito yomwe ilipo ndi yomusandutsa wogulitsa wovomerezeka: alipire chiphaso cha pamwezi chotsika, kudzera pa foni, alandire mafilimu atsopano a kuno oyera bwino tsiku lomwe atuluka, asanafike kwa wina aliyense, ndipo ndalamayo ipite kwa eni ake. Wa vidiyo sho chimodzimodzi. Omasulira apatsidwe ntchito yeniyeni, yoika Chichewa, Chinsenga kapena Chikunda pa filimu ya ku Lusaka kapena ku Kitwe, dzina lawo lilembedwe pamodzi ndi a ena onse.

Opanga mafilimu nawonso asinthe kawerengedwe. Kope ikangotuluka, masiku ogulitsa ndi owerengeka, choncho ndalama zambiri zipezeke isanatuluke: kwa otsatsa malonda, ndi pa zionetsero zoyendayenda. Pulojekita, chinsalu, jenereta ndi holo ya sukulu zikwanira, makamaka m'miyezi ya June mpaka August pomwe misewu yauma, thonje lagulitsidwa, ndipo anthu ali ndi kangachepe m'thumba. Mabungwe monga National Arts Council, pamodzi ndi makhonsolo omwe amatolera kale ziphaso za malonda pa mashopu omwewa, ndiwo angayambitse zokambiranazo.